A Refa a ku Biwi ndi Anyamata a M'kompyuta

Sabata yatha tinapita ku Dedza kukaona chiliza cha a Gwaza, popeza patha chaka chimwalirireni. Tinali anthu ochepa: ine, a Saidi atelala, amayi awiri a ku mpingo, ndi mwana wa malemuwo, Limbani, amene anachita kubwera kuchokera ku Joni. Pamwalapo analembapo dzina lonse, Binwell Gwaza, ndipo ndinaima kanthawi ndikuliwerenga ngati la munthu wachilendo. Ku Biwi kuno palibe amene ankawatchula dzina limenelo. Tonse tinkangoti a Refa.

Ine ndimachita lendi m'kanyumba ka kuseri kwa nyumba yawo, ndipo ndakhalamo zaka zambiri. Iwo ankanditchula kuti amake Tadala, ine ndinkati Abambo.

Anali munthu wamtali kwambiri, woti polowa pakhomo lililonse la mu Biwi ankachita kuwerama. Malaya ankapisira ngakhale akungopita kukagula tomato. Anaphunzitsa kusekondale moyo wawo wonse, koma chimene anthu ankawadziwira ndi mpira wa basiketi. Anauphunzira ali mnyamata kusukulu ya mishoni, kenako anakhala kochi, ndipo mapeto ake anakhala woimbira masewera. Atapuma ntchito wenzulo anaisiya, koma urefa sunawachoke. Ana akamasewera mpira wa mapepala mumsewu, wina n'kukoka mnzake malaya, a Refa ankaima pomwepo mpaka wolakwayo atapepesa. Kumsika makondakitala akamalimbirana munthu, wina kukoka dzanja wina kukoka chikwama, iwo ankakana kukwera minibasi zonse ziwirizo, n'kuyamba kuyenda wapansi. Ankakonda kunena kuti masewera akamayamba aliyense amakhala munthu wabwino, koma khalidwe lenileni limaoneka nthawi ikatsala pang'ono ndipo munthu akuona kuti akugonja.

Chifukwa cha mtima umenewu anali ndi owalemekeza ambiri koma ocheza nawo ochepa. Mnzawo weniweni anali mmodzi, a Saidi, amene anachokera ku Mangochi kalekale ndipo amasoka pakhonde la golosale pafupi ndi ife. Awiriwa ankasewera bawo masana, ndipo pafupifupi tsiku lililonse ankasiyana atakangana. A Refa ankati zala za a Saidi zimathamanga dala kuti munthu asaone bwino. A Saidi ankati munthu amene amaona chinyengo paliponse akapite kukasewera ndi angelo. Tsiku lina anakangana kwambiri moti a Refa anasiyiratu bawo, ngakhale kuti moni sanasiye, ndipo mathalauza awo ankasokedwabe komweko.

Amayi a kunyumba, Mayi Gwaza, ndiwo ankafewetsa zinthu. Akaona kuti amuna awo aumitsa nkhope, ankawafunsa moseka ngati lero aimbira faulo nkhuku kapena mphepo. Mayiwo atamwalira, nyumba ija inakhala zii. Limbani anabwera kumaliro, anakhala masiku ochepa, ndipo iye ndi bambo ake ankalankhulana ngati anthu okumana pa depoti: za ulendo, za nyengo, za mtengo wa simenti. Ponyamuka anasiya tivi yatsopano ndi makina a gemu, muli gemu ya basiketi. Anati mwina azitayirapo nthawi. A Refa anangothokoza, n'kufunda makinawo ndi kansalu koluka ka akazi awo. Anakhala choncho miyezi.

Sindikudziwa tsiku limene anavundukula. Ndinangomva masana ena phokoso la anthu ochemerera likuchokera pabalaza pawo, pamodzi ndi kulira kwa nsapato pabwalo. Nditasuzumira ndinawapeza atakhala kumapeto kwa mpando, magalasi ali pamphuno, atagwira kachipangizo kamene ana amati padi ngati agwira mwanapiye. Wosewera wawo ankangozungulira malo amodzi. Anandiuza mwamanyazi kuti zala zawo zikuchedwa koma mutu ukudziwa chochita.

Anaphunzira, pang'onopang'ono. Mpirawo ankaudziwa kuposa mmene ankadziwira mabatani, ndiye ankasewera ngati mphunzitsi: kupatsirana, kudikira mpata, osathamangira kuponya. Osewera a m'makinamo ankawalankhula ngati ana asukulu. Timu yawo ankaitcha anyamata anga, ya kompyuta ankaitcha anyamata awo. Atayamba kupambana ndi pamene vuto linabuka.

Ndinali kuchapa panja pamene anandiitana ndi mawu okweza moti ndinaganiza kuti mwina agwa. Ndinawapeza ataimirira, akuloza tivi.

"Amake Tadala, taonani izi. Nawonso makina awaphunzitsa zomwezi."

Ine basiketi sindinkaidziwa, ndiye anandifotokozera. Refa akaimba faulo, wotchi imaima. Tsono timu imene ikutsalira ndi mapointi ochepa, nthawi ikatsala pang'ono kutha, imagwira dala wosewera wa timu inayo. Wotchi imaima, wogwiridwayo amakaponya mpira pamzere popanda womutchinga, ndipo akaphonya mpira umagwera kwa ogwirawo, apeza mwayi wina. Anyamata a kompyuta aja ankachita zimenezi nthawi iliyonse. Masewera ankayenda bwinobwino, koma akafika kumapeto, wosewera wa a Refa akangolandira mpira, wina ankamuthamangira n'kumukumbatira. Wenzulo. Aponye. Ayambenso, amugwirenso. Timphindi totsiriza tinkatalika kuposa gawo lonse loyamba, ndipo a Refa ankapsa mtima kwambiri.

Anatsimikiza mtima kuti awasiyitsa. Maso awo anali atayamba kuchita ng'ala, ndiye timalemba ta pa tivi sankationa bwino. Ine ndikaweruka kumsika ndinkakhala pafupi n'kumawawerengera, iwo n'kumamasulira Chingerezicho. Tinapeza malo amene muli timizere tokankhira kumanja kapena kumanzere, tochulukitsa kapena kuchepetsa zinthu m'masewerawo. Panali kamzere ka mafaulo. Anakakankhira kumanzere mpaka kumapeto, akumwetulira. Atasewera anapeza kuti anyamata aja akugundabe anthu pakati pa masewera, koma refa wa m'makinamo ndiye wasiya kuimba, ndipo kumapeto kukumbatira kuja kunalipobe. Anakwiya kuposa poyamba. Anati sanachotse tchimo, angochititsa refa khungu, ndipo anabweza kamzereko msanga ngati apepesa kwa mnzawo wa ntchito.

Anayesa kufewetsa gemu, koma anati akumva ngati akumenya ana a sitandade wani. Anayesa kufupikitsa nthawi, kugwirana kunangobwera msanga. Anaona kuti akatsogola ndi mapointi ambiri kompyuta imataya mtima osagwira munthu, ndiye kwa masabata angapo ankalimbikira kuchinya kwambiri. Zimenezonso sizinawakomere. Iwo ankafuna masewera othinana, amene sudziwa wopambana mpaka wenzulo yomaliza, koma oyera.

A Saidi atamva nkhaniyi anaseka mpaka kusiya kupalasa makina osokera. Anati munthu anathawa bawo chifukwa cha chinyengo, wakachipezanso m'bokosi la azungu. Koma madzulo ake anandiitana pambali n'kundifunsa ngati ndikudziwa chimene chinachitika pakati pa a Refa ndi Limbani. Sindinkadziwa. Ndinabwera ku Biwi zitachitika kale.

Limbani anatengera bambo ake kutalika, ndipo ali kusekondale ankasewera bwino moti anthu ankabwera kudzaonera iyeyo. Pa mpikisano wina wa masukulu, refa amene amayenera kuimbira sanabwere, ndipo anapempha a Gwaza ngakhale kuti mwana wawo ankasewera, chifukwa aliyense ankadziwa kuti sangakondere. Kumapeto timu ya Limbani inkatsalira pang'ono. Kochi wawo anakuwa kuti agwire munthu. Limbani anathamangira mnyamata amene anali ndi mpira, koma anafika mnyamatayo atadumpha kale. Anamukoka malaya ali m'malere, ndipo mnyamatayo anagwa pa simenti n'kuthyoka dzanja. A Refa anatulutsa mwana wawo m'bwalo, chimene refa aliyense akanachita. Koma sanalekere pomwepo. Pamaso pa anzake, aphunzitsi ndi atsikana amene ankaonerera, anamuuza kuti sanadziwe kuti m'nyumba mwawo akulera munthu wotere.

Kunyumba mkangano unapitirira. Limbani ankati anachita zimene kochi ananena, zimene matimu onse amachita, ndipo malamulo amalola. Bambo ake ankati malamulo salola, amalanga, ndipo munthu amene wawerengeratu chilango n'kuona kuti chimupindulira ndi woipa kuposa wolakwa mwangozi. Limbani sanagwirenso mpira. Atamaliza sukulu anagwira maganyu ku Kanengo, kenako anapita ku Joni. Foni ankaimbira amayi ake. Bambo ake ankangopatsidwa moni kudzera mwa amayiwo.

Nditamva zimenezi ndinayamba kuona mosiyana nkhope imene a Refa ankachita wenzulo ikalira pa tivi paja.

Ndine ndinanena kuti bwanji afunse mwini wake amene anabweretsa makinawo. Lamulungu lotsatira, atabwera ku tchalitchi, anandipempha kuti ndiwapezere nambala ya Limbani m'foni mwawo. Ndinkafuna kutuluka koma anandikodola kuti ndikhale, kuti mwina pakhala zowerenga. Moni unali waufupi. Kenako anakonza kukhosi n'kunena kuti anyamata a m'makina muja ali ndi khalidwe loipa. Kumbali inayo ndinamva Limbani akuseka, kuseka kwa munthu amene sanayembekezere. Anafunsa ngati akuseweradi. Anafunsa timu imene amasankha. A Refa anayankha, n'kuyamba kufotokoza chifukwa chake wosewera wina wamfupi ndi wanzeru kuposa onse aatali, ndipo anacheza mpaka foni inatentha.

Kuyambira pamenepo Lamulungu lililonse masana foni inkalira. Limbani ankabwera ndi nzeru yatsopano imene wafufuza: akankhe kamzere aka, atseke ichi, asinthe malamulo a ligi. M'kati mwa sabata ine ndi a Refa tinkayesa. Lamulungu iwo ankapereka lipoti, mwatsatanetsatane ngati ali pamsonkhano wa aphunzitsi. Nkhani inali ya gemu yokhayokha, koma m'mphepete mwake munkagwera zina. Ndi mmene a Refa anadziwira kuti mwana wawo amagwira ntchito yoika matailosi, kuti bondo limamuvuta, kuti ali ndi mkazi wa ku Zimbabwe ndipo akuyembekezera mwana. Ndi mmenenso Limbani anadziwira kuti bambo ake amamwa mankhwala a BP. A Refa anayamba kumeta ndevu Loweruka madzulo, ngati foni imaona.

Kenako njira inapezeka. Limbani anati pali malo amene kochi amasankha ngati timu yake izigwira dala kumapeto kapena ayi, koma munthu amangosintha za timu imene akuigwiritsa. Ndiye masewera akayamba aimike kaye, asamukire ku timu ya kompyuta ngati kuti iwo ndiwo kochi wake, atseke kugwirako, kenako abwerere ku timu yawo.

Tinayesa tsiku lina masana kukutentha, mazenera onse ali otsegula. Ndinawawerengera pang'onopang'ono, anasamuka, anatseka, anabwerera. Masewera anali othinana monga ankafunira. Pofika kumapeto ankatsogola pang'ono chabe. Wosewera wawo analandira mpira, ndipo ndinaona mapewa awo akukwera, kudikira kukumbatira kuja. Sikunabwere. Anyamata a kompyuta anamulondola manja ali m'mwamba, kumutchinga bwinobwino, osamukhudza. Wotchi inayenda osaima mpaka inatha. Anapambana.

Ine ndinaomba m'manja. Iwo anangokhala, padi ili pamwendo, akuyang'ana anthu a m'tivi akuchemerera. Anavula magalasi n'kuwapukuta nthawi yaitali. Ndinawafunsa ngati china chalakwika. Anati ayi, zatheka ndithu, ndi mmene mpira uyenera kuthera. Kenako anafunsa, osandiyang'ana:

"Nanga Lamulungu ndikamuuza kuti zatheka, lotsatiralo adzaimbiranji?"

Anazimitsa tivi. Potuluka ine anandiitananso n'kundipempha kuti zimenezi zikhale pakati pa ife awiri.

Lamulungu foni italira ndinali pakhonde ndikusankha nyemba, ndipo ndinamva ndi makutu anga munthu amene sankalola ngakhale mwana kunamizira kugwa, akuuza mwana wake kuti ayesa koma anyamata aja akugwirabe. Bodza sankalidziwa. Mawu ankatuluka mokakamira, ndipo anatsokomola kangapo. Limbani anati palibe vuto, afufuzanso. Ndipo anafufuzadi. Mafoni anapitirira mvula yonse ija mpaka chimanga cha m'madimba chinayamba kugulitsidwa m'misewu. M'kati mwa sabata a Refa ankasewera masewera awo oyera, akusamuka n'kutseka okha popanda ine, popeza anali ataloweza pokanikiza. Lamulungu ankadandaula za mafaulo.

Kamodzi kokha ndinamva akuyandikira nkhani yakale ija. Anali atamaliza za gemu, ndipo m'malo motsanzika anati anakumana ndi mnyamata amene anathyoka dzanja uja, anamutchula dzina, ku Area 23. Anati pano ndi bambo wa ana atatu, amayendetsa lole, ndipo dzanja lake lili bwinobwino. Kenako a Refa anati, "Ndinalankhula kwambiri tsiku lija." Sindinamve chimene Limbani anayankha. Ndinangoona a Refa akugwedeza mutu kangapo, n'kufunsa za mpongozi wawo, ngati miyendo yasiya kutupa.

Mdzukulu anabadwa, wamkazi, ndipo chithunzi chake anachionetsa kwa aliyense, ngakhale kwa a Saidi amene anati mwanayo ali ndi mwayi sanatengere nkhope ya agogo ake. Limbani analonjeza kuti abwera naye pa Khirisimasi. A Refa anayamba kukonzekera kukadali miyezi, anapentetsa chipinda, ndipo anandiuza kuti mwana wawo akadzabwera adzasewera naye gemu ija, aliyense ndi padi yake, kuti aone ngati adzagwire.

Sanafike pa Khirisimasi. Anagwa m'mawa wina akuchokera kogula buledi, pafupi ndi khonde la a Saidi, ndipo a Saidi ndiwo anawanyamula ndi anyamata a kabaza. Kuchipatala anakhala masiku ochepa osalankhula. Limbani anafika bambo ake atatsekedwa kale maso. Pamaliro sitinacheze, munthu anali ndi zambiri.

Ndi sabata yathayi, titabwerako ku chiliza, pamene tinakhala pansi. Iye ankalongedza katundu wa bambo ake chifukwa nyumbayo akufuna kuikamo anthu a lendi. Atafika pa makina a gemu anawagwira kanthawi. Ndinaona kuti palibenso chifukwa chobisira, ndiye ndinamuuza kuti njira ija ya kusamukira ku timu inayo inatheka tsiku loyamba lomwe. Anaseka pang'ono, akukulunga nthambo.

"Ndinkadziwa, Amayi. Ndinayesa ndekha kwa mnzanga ndisanawauze. Inkatheka bwinobwino."

Ndinamufunsa kuti nanga nzeru zina zonse zija zimene ankabwera nazo pambuyo pake ankazitenga kuti. Anati zambiri ankangopeka ali m'basi popita kuntchito. Atatero analeka kukulunga, anakhala pansi pa simenti atatsamira khoma, munthu wamtali ngati bambo ake, ndipo ine ndinatuluka kukamuikira madzi a tiyi.

Limbani wabwerera ku Joni dzana. Makina watenga, mipando wapereka kwa achibale a ku Dedza, ndipo makiyi wandisiyira kuti ndizionetsa anthu ofuna nyumba. Dzulo ndinalowamo kukatsegula mazenera. Pabalaza palibe kanthu. Makatani anachotsa, ndiye dzuwa limalowa mpaka kukhoma la kukhitchini. Pakhoma patsala misomali ndi malo oyera pamene panali zithunzi. Pansi, polishi wofiira akadali wowala m'mbali monse, koma chapakati pali malo awiri oyandikana pamene anaperepeseka mpaka simenti kuonekera. Ndinayamba ndadabwa, kenako ndinazindikira kuti ndi pamene ankaponda. Zala zinkakanikiza mabatani, koma mapazi ankasewera nawo.

Madzulo magetsi anali atazima dera lonse. Atayaka, ana anakuwa mumsewu monga amachitira, mawailesi anayambiranso, ndipo mababu anawala nyumba ndi nyumba mpaka kumtunda kwa golosale. Ya a Refa yokha inakhalabe mumdima. Mayunitsi anatha, ndipo palibe woti akagule ena.